Filimu Imene Ankati Inapsa

Amalawi a ku Dublin ankawadziwa a Tarsizio Chigona ndi zinthu ziwiri: jekete ya buluu imene sinkachoka pathupi, ndi nkhani za mafilimu. Ukangolakwitsa n'kukhala nawo pafupi pa ukwati, pa ubatizo kapena m'basi ya ku Finglas, unkadziwiratu kuti lero umva za tsiku limene anagwa panjinga mobwerezabwereza mpaka mzungu wa kamera atakhutira. Achinyamata ankawatcha Agogo a Kanema. Pamaso pawo ankagwedeza mutu mwaulemu, koma akapotoloka ankatsinana. Ndani akanakhulupirira kuti nkhalamba yoyenda ndi ndodo, yothera tsiku pawindo kuonerera mvula, inali katswiri wa pakanema dziko lathu lisanalandire n'komwe ufulu? Umboni analibe, ngakhale kachithunzi kamodzi.

Kuseka kwa anthu akunja sikunkawavuta kwenikweni. Chimene chinkawadya mtima chinali mdzukulu wawo Emmie, mtsikana wa ku sekondale wobadwira ku Ireland komweko. Chichewa ankamva ndithu, koma ankayankha m'Chingerezi, ndipo nkhani za agogo ake ankazimvera maso ali pafoni, n'kungoti, "That's nice, Grandad." A Tarsizio ankafuna chinthu chimodzi asanamwalire: kuti mwana ameneyu adziwe kuti agogo ake anali ndani.

Komatu nkhanizo zinali zoona.

Anabadwira kumapiri a ku Dedza, pafupi ndi mishoni ina ya Akatolika, ndipo ali mnyamata ankaphunzira ukalipentala pamishonipo. Kumeneko kunabwera wansembe wa ku Ireland, Bambo Gerard, munthu wamtali, woyenda ngati akupewa minga, atanyamula kamera yopukusa ngati wotchi yakale. Cholinga chawo chinali kujambula mafilimu ophunzitsa anthu: kukumba zimbudzi, kuwiritsa madzi akumwa, kuthamangira kuchipatala mwana akadwala. Filimu iliyonse inkafuna anthu awiri, wanzeru ndi chitsiru. Unzeru anaulanda akatekisi mosazengereza. Uchitsiru unasowa mwini, chifukwa ndani angafune kuti nkhope yake isekedwe ndi midzi yonse? Mpaka tsiku lina Bambo Gerard anapeza Tarsizio kuseri kwa tchalitchi akutsanzira kayendedwe kawo, anzake akugubuduzika ndi phwete. Mnyamatayo anayembekeza kuthamangitsidwa, koma wansembeyo anaseka mpaka kupukuta misozi, n'kunena kuti ntchito yapeza mwini wake.

Umo ndi mmene anabadwira Mbiyang'ambe, chidakwa cha pakanema chimene chinkalakwitsa chilichonse. Chodabwitsa n'chakuti Tarsizio mowa sankaulawa n'komwe, ngakhale thobwa logonera ankalikankhira kumbali. Kuledzera anakuphunzira pongoyang'ana anthu pamsika. Mpaka ukalamba wawo ankakonda kufotokoza chinsinsi chake: woledzera safuna kugwa ayi, amalimbikira kuyenda mowongoka, ndiye wosewera azilimbana ndi mawondo ake ngati kuti ndi a munthu wina. Mafilimu a pamishoni amenewo analibe mawu, choncho zonse zinkayenera kuonekera pankhope ndi m'thupi.

Filimu ikajambulidwa inkatumizidwa kunja kuti akaitsuke, n'kubwera patapita miyezi. Ikabwera, ankakweza jenereta m'galimoto la mishoni, n'kukamanga chinsalu choyera pakhoma la sukulu. Apa m'pamene panali ntchito yeniyeni ya Tarsizio. Ankaima pambali pa chinsalucho ndi maikolofoni, n'kumayankhulira aliyense wooneka pachithunzi: Mbiyang'ambe, mkazi wake wolongolola, akatekisi anzeru, ngakhale mbuzi. Zithunzi zinali zomwezomwezo, koma mawu ankasintha malinga ndi mudzi, ndipo anthu ankayenda mitunda kudzaonera filimu imene anaionera kale. Ana akamuona pamsewu ankamuthamangira akukuwa dzina la Mbiyang'ambe. Iye ankadzandira pang'ono kuwasangalatsa, kenako n'kupitiriza ulendo wake.

Kutchukako kunatsala pang'ono kumumanitsa mkazi. Atafunsira Clotilda, amalume a mtsikanayo anakanitsitsa kwamtuwagalu, amvekere mwana wa mlongo wawo sangapite kwa chidakwa chimene iwo anachiona ndi maso awo chikugwera m'chimbudzi. Anawafotokozera kuti zinali zosewera, koma ayi. Anachita kubwera Bambo Gerard panjinga yamoto, n'kukhala pamphasa, n'kunena pamaso pa akuluakulu kuti, "Uyu ndi mwana wanga. Mowa samwa. Ndikuikira umboni ndine." Mawu amenewa a Tarsizio anawasunga mumtima moyo wawo wonse.

Mwana wawo woyamba, Tomasi, anadwala chikuku m'nyengo ya mvula asanayambe n'kuyenda komwe. Mtsinje unali utadzaza. Tarsizio anasiya njinga kutsidya, n'kuwoloka madzi ofika m'chifuwa atanyamula mwanayo pamutu, Clotilda atagwira lamba wake kumbuyo. Anafika naye kuchipatala cha mishoni akupumabe, koma mawa lake anatsirizika m'manja mwa asisitere, Bambo Gerard ali pomwepo. Bokosi anakhoma yekha bambo wa mwanayo, chifukwa sanafune kuti wina alikhome mokhota.

Pa tsiku la maliro wansembe uja anabwera ndi kamera. Akuluakulu a m'mudzi anakwiya: maliro si gule woti ajambulidwe. Koma Bambo Gerard anamutengera Tarsizio pambali n'kumuuza kuti popeza mwanayo analibe chithunzi, iwo ajambula kuti banjalo likhale ndi chikumbutso, ndipo palibe wina adzaione filimuyo. Tarsizio ndi amene anagwada pamaso pa akuluakuluwo kuwapepesa, n'kuwatsimikizira kuti mzungu uyu ndi wathu. Analola monyinyirika. Patapita miyezi, Bambo Gerard atabwerako ku tchuthi cha ku Ireland, Tarsizio anafunsa za filimuyo, ndipo wansembeyo anayankha mwachisoni kuti inapsa, kuwala kunalowa m'chitini chake panjira. Ankaoneka wokhumudwa kwambiri moti Tarsizio ndi amene anayamba kuwatonthoza. Mwana wachiwiri atabadwa, dzina silinavute kusankha. Anamutcha Gerard.

Ntchito ya mafilimu inatha mosatsanzika. Bambo Gerard anadwala n'kubwerera kwawo, kumene pambuyo pake anamwalira; kamera ndi zitini zonse zinapita nawo. Anthu anayamba kugula mawailesi, Mbiyang'ambe n'kuiwalika pang'onopang'ono. A Tarsizio anabwerera ku matabwa, n'kukhoma madesiki ndi zitseko mpaka manja atayamba kunjenjemera. Clotilda atamwalira, mwana wawo Gerard, amene anali namwino ku Dublin, anawaitanitsa kuti asakhale okha. Atangotsika ndege sanafunse za chakudya kapena kogona. Anafunsa kumene anaikidwa Bambo Gerard. Kuyambira pamenepo, mwezi wa Novembala uliwonse, umene Akatolika amakumbukira akufa awo, ankakwera mabasi awiri kupita kumandako ndi kabulashi ndi botolo la madzi, n'kukapala ndere pamwala wa bwenzi lawo.

Ndiye kunabwera Tupochele, mtsikana wa ku Karonga amene ankachita maphunziro apamwamba a mbiri yakale pa yunivesite ina mumzindamo. Anamva nkhani za Agogo a Kanema pa chikondwerero china, ndipo mosiyana ndi anzake, sanatsine aliyense. Anafunsa dzina la mishoni ndi la wansembe. Miyezi ingapo itadutsa anagogoda pakhomo ku Finglas, mpweya uli m'mwamba.

"Agogo, ndakupezani! Ku archive ya ansembe, kosungira zakale, kuli ma reel a mafilimu, ndaonera pa kamakina kawo. Ndinu ndithu, muli panjinga, mwavala chipewa chong'ambika!"

A Tarsizio anakhala pansi mwadzidzidzi. Kenako anakuwira kuchipinda cham'mwamba kuti Emmie atsike adzamve yekha.

Anakonza zoti filimuyo ionetsedwe Loweruka masana mu holo ya parishi. Mbiri inafalikira pamafoni, ndipo kunabwera Amalawi ochokera ku Clondalkin ndi ku Santry, a kwaya a ku Zambia, ngakhalenso azungu okalamba a m'parishimo. Sabata yonseyo a Tarsizio ankayeserera mawu m'bafa: a mkazi wolongolola, a mbuzi, a Mbiyang'ambe. Jekete ya buluu inapita kochapitsa. Atafika mu holo anakhala kutsogolo, Emmie kudzanja lamanja, Gerard kumanzere, n'kufunsa kuti maikolofoni ili kuti.

"Simuvutika, agogo," anatero Tupochele. "Anthu a ku lab apeza tepi ya commentary ya Father, ailumikiza ndi zithunzi. Angonditumizira lero m'mawa, inenso sindinaimve."

A Tarsizio anakhumudwa pang'ono, chifukwa mbuzi ija anali ataikonzekera bwino. Koma kumva kuti amvanso mawu a Bambo Gerard kunawafewetsa mtima. Makatani anatsekedwa.

Pachinsalu panaoneka mapiri a kwawo, kenako njinga ikupepeluka, pamwamba pake mnyamata woonda wa chipewa chong'ambika. Holo yonse inaphulika ndi chikuwe. Emmie anagwira mkono wa agogo ake: "Oh my God, Grandad, that's you!" Foni inali m'thumba. Nkhalambayo inamva kukoma kumene inali itakudikira zaka zonsezi.

Kenako panamveka mawu aja, ofatsa, odziwika bwino.

"This is Tarsizio."

Sanati Mbiyang'ambe. A Tarsizio anaganiza kuti mwina ndi mawu oyamba chabe, otchula wosewera. Chingerezi ankachimva bwinobwino, anachiphunzira kwa mwini mawuwo. Koma mawuwo anapitiriza kunena kuti uyu ndi munthu weniweni wa m'parishi yawo ku Africa, kuti kamera yangomutsatira m'moyo wake wa tsiku ndi tsiku, kuti ndi waulesi ndiponso kapolo wa mowa ngati anzake ambiri. Zimene zinkaonekazo sizinali filimu imodzi mwa zimene iwo ankazidziwa. Zinali zidutswa za mafilimu onse, zodulidwa n'kulumikizidwa mwaluso, akatekisi anzeru atachotsedwamo. Anthu anasekabe Mbiyang'ambe atagwera m'chimbudzi, koma kusekako kunayamba kuchepa, ena n'kumayang'anana.

Mwadzidzidzi chithunzi chinasintha. Panaoneka anthu ali pamzere m'kanjira ka kumanda, ndi kabokosi kakang'ono kokhomedwa mowongoka. Panaoneka Clotilda ali mtsikana, amayi awiri atamugwirira. Kamera inasendera pafupi ndi nkhope ya mnyamata wogwada m'matope, kukamwa kuli yasa, akulira kulira kopanda mawu.

Filimu imene inapsa ija inali yowala bwino kuposa zina zonse.

Mawu ofatsa aja anafotokoza kuti mwana wa Tarsizio anadwala, koma bambo ake anali ku mowa. Anati chipatala chinali pafupi, koma munthuyu sanalabadire mpaka mwanayo anafa. Anati taonani misozi yake, yabwera mochedwa. Pomaliza anapempha anthu abwino a ku Ireland kuti athandize mishoni, kuti ana ena asafe chifukwa cha abambo otere.

Nyali zinayaka. A Tarsizio anamva dzanja la Emmie likuchoka pamkono pawo pang'onopang'ono.

"Grandad," ananong'ona mtsikanayo, misozi ili lengelenge m'maso, "you had another baby? Were you really out drinking?"

Munthu amene ankayankhulira mudzi wonse ndi mbuzi zomwe anangotola ndodo yake. Anadzuka, n'kuyamba kuyenda kulowera kukhomo. Mawondo ankakana, ndipo anachita kulimbana nawo kuti ayende mowongoka pamaso pa anthu onsewo. Tupochele anawathamangira n'kugwada patsogolo pawo, akulira.

"Pepani agogo, pepani. Ine ndinaonera yopanda sound. Maliro aja ndimaona ngati ndi acting. Ndimangoti koma agogowa ankatha kulira."

Sanamukalipire, mwana wa eni analakwanji? Koma asanatuluke anawaimitsa mayi wina wachizungu wokalamba, wa tsitsi loyera, amene anawagwira manja onse awiri mwachikondi chenicheni. Anati filimu imeneyi anaionera ali kamtsikana kusukulu ya asisitere, ndipo inkazungulira m'maparishi ambiri. Anati kalasi yawo yonse inkapempherera Tarsizio wosauka kuti asiye mowa, ndipo lero wathokoza Mulungu poona kuti mapempherowo anayankhidwa. A Tarsizio anamuyang'ana mayiyo. Kenako anati zikomo, chifukwa anakula akudziwa kuti munthu wamkulu sayankhidwa mwano.

Kunyumba Gerard anayesetsa. Anauza Emmie kuti agogo ake sanamwepo mowa chibadwire. Anayesanso kuziziritsa mtima wa bambo ake, amvekere mwina wansembeyo anakakamizidwa ndi akuluakulu ake, mwina chipatala chija chinakula ndi thandizo lochokera m'filimu yomweyo, ndipo chinapulumutsa ana ambiri. A Tarsizio anangofunsa funso limodzi: ngati zinali zabwino chotero, analekeranji kuwapempha? Akanavomera. Akanasewera chidakwa choferedwa mwana, akanalira misozi yabodza yokwanira Ireland yense, bokosi lopanda kanthu akanakhoma okha. Koma munthuyo anatenga Tomasi weniweni. Anaona ndi maso ake zovala zonyowa ndi madzi a mtsinje, anadalitsa mwanayo akutsirizika, kenako anakakhala pansi kwawo kuno n'kulemba kuti bambo ake anali ku mowa. Ndipo atabwerako anayang'ana mnzake m'maso n'kunena kuti inapsa.

Jekete ya buluu inapachikidwa kuseri kwa chitseko. M'basi ya ku Finglas anthu anayamba kukhala mwamtendere, ndipo ena anazindikira kuti mtenderewo sukuwakomera. Novembala atafika, Gerard anatulutsa kabulashi kaja n'kufunsa ngati awaperekeze kumanda pagalimoto. Nkhalambayo inayankha kuti kabulashiko kakhoza kuthandiza kutsuka matayala.

Panalinso china chimene Gerard anachedwa kuchizindikira. Chichokereni ku holo kuja, bambo ake anali asanamutchulepo dzina. Ankamuitana kuti a bambo a Emmie, monga achitira akuluakulu polemekeza mwana amene wabereka. Poyamba anaona ngati ndi ulemu wa ukalamba. Kenako anamvetsa, ndipo zinamupweteka.

Tupochele anabweretsa filimuyo pa kachipangizo kakang'ono, nati agogo ali ndi ufulu woisunga kapena kuitaya. A Tarsizio anakaika m'thumba la malaya n'kumayenda nako masiku ambiri. Kutaya kunali kosatheka. Padziko lonse lapansi, munali m'menemo mokha mmene Clotilda anali akadali mtsikana, ndi mmene munali kabokosi ka Tomasi. Chikumbutso chimene analonjezedwa chija chinafika ndithu, koma chitakulungidwa m'bodza. Zinkawanyansa kuti ngakhale tsopano ankayenera kulandira kanthu kuchokera m'manja mwa munthu ameneyo.

Lamlungu lina masana, mvula ikuwaza pawindo, Emmie anatsika ndi kompyuta yake n'kukhala pafupi nawo. Anatambasula dzanja, iwo n'kumupatsa kachipangizoko. Filimu itayamba, mtsikanayo anadina batani, mawu a wansembe n'kuzimiratu.

"Nenani inuyo, agogo," anatero m'Chichewa chake chopindika. "Ngati kale."

Anayamba monyinyirika, mawu ali okhwinyata. Koma njinga itapepeluka, Mbiyang'ambe anadzuka yekha pakhosi pawo, kenako mkazi wolongolola, kenako mbuzi. Emmie anaseka mpaka kutsamira pa phewa lawo. Kanjira ka kumanda kataoneka, anafuna kuimitsa, koma agogo ake anamugwira dzanja. Apa sanasinthe mawu, anayankhula ndi awoawo. Anamuuza za chikuku, za njinga yosiyidwa kutsidya, za madzi ofika m'chifuwa, za agogo ake aakazi atagwira lamba. Anamuuza kuti mwanayo dzina lake anali Tomasi, ndipo anali atangomera mano awiri. Si mawu onse amene Emmie anawamva, koma sanafunsenso ngati zinali zoona. Anaimitsa chithunzi pankhope ya Clotilda, ndipo awiriwo anakhala akuiyang'ana.

Chimene ankachifuna chija anachipeza: mdzukulu wawo anadziwa kuti agogo ake anali ndani. Koma sanamve kukoma kumene ankakuyembekezera.

Gerard anali ataima pakhomo la chipindacho kwa kanthawi, akadali m'yunifolomu ya kuntchito. Naye anali asanaonepo amayi ake ali mtsikana, kupatula tsiku la mu holo lija. Anayandikira n'kugwada pambali pa mpando, bambo wa imvi zake.

"Ababa," anatero motsitsa mawu, "dzinali munandipatsa ndinu. Ine sindinalisankhe. Tanditchulani kamodzi kokha."

A Tarsizio anayang'ana mwana wawo, mwana wabwino amene anawatumizira tikiti ya ndege ndi kuwagulira majuzi. Anayesa ndithu. Milomo inagwedera, lilime linafika pamene dzinalo limayambira, koma linakakamira pomwepo. Anaika dzanja pamutu pa mwanayo n'kulisiya pamenepo.

"Tsekani chitseko, a bambo a Emmie," anatero. "Kukulowa mphepo."